Khosi Litatseka

Lachitatu, 4 Juni

Chisamba wabwera dzuwa lili pamutu. Chikwama kumsana, dzanja lamanja lotupa. Mtsikana wanga, mwana mmodzi yekhayo, wa chaka chomaliza ku sekondale, mayeso ali pakhomo. Amubweza. Akuti Lolemba apite ndi kholo, komiti ikakhala pansi kuti ione ngati apitirize kapena achotsedwe. Akachotsedwa ndiye kuti mayeso salemba.

Mlandu wake: wamenya mnyamata wa m'kalasi mwake. Chibakera chimodzi chokha. Mlomo kung'ambika, dzino kugwedera.

Ndinamukokera kukhitchini, kutali ndi shopu yathu yokonzera makina osokera, kuti abambo ake asamve. Anafotokoza maso ali pansi. Sabata yatha abambo akewo anaitanidwa kusukuluko kukakonza makina a m'chipinda chophunzirira kusoka. Ine sindinapite nawo, ndinali ndi makasitomala. Aphunzitsi anawafunsa vuto la makinawo ana akumvetsera, ndipo chibwibwi chinawagwira pa mawu oti bobini. Chiyambire tsikulo mnyamata uja wakhala akuwayeseza. Lero anachita kuima kutsogolo kwa kalasi, maso atatsinzina, mutu ukugwedezeka, bo-bo-bo. Kalasi yonse kufa nako kuseka. Chisamba anangodzuka pampando wake.

Ndamukalipira, monga mayi. Koma muno ndilembe zoona: mumtima ndinavina. Dzanjalo ndalithowa ndekha ndi madzi ofunda.

Abambo ake tawauza kuti ana analimbirana buku. Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi awo, n'kubwerera ku makina amene ankamasula.

Lolemba ndipita ine. Nanga ndani? Pakhomo pano manja ndi awo, pakamwa ndi panga. Chikwatiraneni timagwira ntchito choncho. Telala akabwera ndi makina ake, iwo amasuzumira, n'kuyamba, "La-la-", ine n'kumaliza, lamba watha uyu, tisintha, mubwere mawa. Ngakhale foni ya pashopu ndimayankha ndine. Anthu a mumsewu muno amanditcha Wailesi, poyesa kuti ndikwiya. Wailesi imeneyi yalera mwana mpaka kufika naye apa.

Lachinayi, 5 Juni

Ndafufuza. Bambo wa mnyamata uja ndi aja a malole onyamula mchenga, amene anathandiza kumanga mpanda wa sukulu. Ndiye kuti komiti yonse ikadzuka iwo akamalowa. Adzuke. Ine sanandione.

Tsiku lonse kukonzekera mawu. Pochapa, potsuka mbale, posesa m'shopu. Ndikayamba mofatsa, moni wa ulemu, kuthokoza aphunzitsi. Kenako ndikawafunsa Amalole ngati kwawo amaphunzitsa ana kuseka akuluakulu patebulo kapena amachita kuwalembera mphunzitsi wapadera. Ndayeserera pagalasi. Ndadzimvera ndekha kukoma.

Madzulo kukhosi kukukanda, ngati kamunga ka nsomba kakakamira. Mwina ndayankhula kwambiri. Tiyi wa mandimu, basi.

Chisamba ali patebulo ndi mabuku, akulemba ndi dzanja lotupalo. Sanadye. Ndamuuza kuti asade nkhawa, amayi ake sanagonjepo pakamwa.

Lachisanu, 6 Juni

Thupi moto. Mutu ukuwaza. Kumeza malovu enieniwa mpaka kugwira patebulo.

Ndinadzitsekera kubafa ndi galasi laling'ono ndi tochi ya pafoni. Aaa. Timinofu tiwiri ta m'mbali mwa khosi tija tatupa, tofiira psu, tatsala pang'ono kukumana pakati. Pamwamba pake timadontho toyera, tina tachikasu. Ndinayesa ndi nyenyeswa za buledi. Ndachukucha, sizikuchoka. Mafinya.

Ine? Chiberekereni Chisamba sindinagonepo pabedi la kuchipatala. Chimfine chimandiopa.

Ndinakakhalabe pampando wanga m'shopu. Kunabwera mayi uja wosoka mayunifolomu. Ndinamuweramira kuti ndimunong'oneze za makina ake, iye n'kubwerera m'mbuyo, dzanja pamphuno, akunamizira kuyetsemula. Ndinamva ndekha pambuyo pake. M'kamwa mwanga mukutuluka fungo la chinthu chowola. Ine amene ndimatsuka mano mpaka mswachi kupindika. Manyazi ake anaposa ululu.

Mawu akutuluka ngati ndavwira mbatata yotentha. Abambo ake anaika sikuludilaiva pansi, n'kundigwira pachipumi ndi kuseri kwa dzanja, poti kutsogoloku kunali oilo. Anandilozera kuchipinda. Ndinakana. Anandilozeranso. Ndinapita, koma chitseko ndinasiya chotsegula kuti ndizimva zapashopu.

Lolemba ndikhala nditachira. Zimenezi ndagamula kale.

Loweruka, 7 Juni

Alamu anga, achemwali awo a abambo ake, atulukira m'mawa. Amene anawatsina khutu sindikumudziwa. Kulowa osagogoda, monga mwa masiku onse, n'kundikanula pakamwa ngati akugula mbuzi.

Akuti zoyerazo ndiye matenda ake, ukazipala munthu amadzuka tsiku lomwelo. Akuti ana awo onse anawapala, ndipo onani mmene alili. Ndikanakhala ndi mawu ndikanawauza mmene alili. Anatenga supuni, n'kukulunga kansalu kuchigwiriro, kuviika m'madzi a mchere.

Nthawi ina iliyonse ndikanawathamangitsa ndi tsache. Koma Lolemba linali m'maso mwanga. Ndinakhala pampando, mutu chagada, kukamwa yasa. Supuni itangokhudza, misozi yokha chuu, miyendo kuponda m'mwamba.

Sindinawamve akulowa. Ndinangoona dzanja la oilo likugwira mkono wa achemwali awo. "A-a-ayi." Anawalanda supuni ija n'kuiika m'thumba la ovolosi, pamodzi ndi masipanala. Alamu anayankhula zambiri, za ulemu, za amene analera mnzake. Abambo ake anangoima pakati pa ine ndi alamuwo mpaka mawu anawathera.

Potsanzika alamu akuti Lolemba akhoza kupita iwo kusukulu, poti pakhomo pano patsala anthu osayankhula okhaokha. Chisamba anayankha ali kukhitchini kuti kuli bwino angochotsedwa. Mwana wopanda mwambo. Wanga weniweni.

Sindinadye kanthu. Madzi okha, pang'onopang'ono, nawonso ngati ndikumeza lezala. Ululu wafika mpaka m'khutu.

Lamulungu, 8 Juni

Andigonjetsa. Kuchipatala.

Pawindo lolembetsera namwino anafunsa kuti vuto n'chiyani. Anayang'ana ine. Ine ndinatsegula pakamwa, kunangotuluka mpweya. Anayang'ana abambo ake. Iwo anali akadali pa "Kho-kho-". Namwino anatiyang'ana mosinthanasinthana, cholembera m'mwamba, n'kufunsa ngati tabwera ndi wina. Ndikanaseka, koma kuseka nako kumadzera pomwepo.

Adokotala ake kamtsikana, msinkhu wosasiyana kwambiri ndi Chisamba. Manja ozizira. Kathabwa palilime, tochi m'kamwa. Anandigwiranso m'munsi mwa nsagwada, muli timibulu towawa. Akuti ndi zilonda zakukhosi, zimene zimabwera tizilombo tikalowa m'timinofu tija. Zoyerazo ndi mafinya, chizindikiro choti thupi likulimbana ndi tizilomboto, ndipo zimachoka zokha mankhwala akagwira. Anaona pamene supuni inakanda. Anafunsa kuti ndani wachita zimenezi. Abambo ake anayang'ana kudenga. Adokotala akuti kupala kumangotulutsa magazi ndi kukulitsa chilonda, tisadzayesenso.

Mapilisi. Ndimwe onse mpaka atatha, ngakhale nditamva bwino pakati. Ena ochepetsa ululu ndi kutentha. Kuchukucha ndi madzi ofunda a mchere. Kapu yangayanga, supuni yangayanga, osapumira anthu kumaso. Ndikaona kuti pakamwa pakukanika kutseguka, kapena kupuma kukuvuta, kapena mbali imodzi yatupa kuposa inzake, ndibwerere msanga.

Ndinabwereka cholembera chawo n'kulemba padzanja langa: mawa ndiyankhula? Anamwetulira. "Amayi, mawa mugone."

Chisamba waimbira aphunzitsi a kalasi yake kupempha kuti tsiku lisinthe. Zakanika, komiti imakumana tsiku lomwelo basi.

Ndinaganiza zolemba mawu anga onse papepala kuti abambo ake akangopereka. Ndinayamba. Ndinasiya. Angawerenge, n'kudziwa chimene mwana anamenyera munthu. Ndipo ndikapanda kulemba, akakamvera komweko, pamaso pa komiti, pamaso pa Amalole, mwina mnyamatayo akumwetulira. Mutu waima.

Chisamba anabwera kudzakhala m'mphepete mwa bedi. "Amayi, akandifunsa chifukwa, sindikanena. Osati adadi ali pomwepo. Andichotse." Ndinamugwira dzanja n'kuligwedeza mwamphamvu, kutanthauza kuti usapange zopusa. Anayesa ndikumuyamikira.

Kukhonde ndikumva burashi. Akupolisha nsapato zawo zakuda. Shati yoyera asita okha, ili pahang'ala kuseri kwa chitseko. Ndikuopa. Chikhalireni sindinaopepo chonchi.

Lolemba, 9 Juni

Apita. Iwo kutsogolo, jekete la paukwati wathu, likuwakwanabe bwino. Chisamba pambuyo.

Andisiyira phala la madzimadzi ndi mapilisi pampando. Shopu atseka.

Sindingathe kugona. Mpango wanga uli kuti?

Lachiwiri, 10 Juni

Dzulo sindinathe kugwira cholembera. Lero ndilembe zonse ndisanaiwale, ngakhale sindikuona kuti ndingadzaiwale.

Ndinawatsatira. Mpango kukhosi, wina kukamwa, miyendo ngati yobwereka. Mlonda wa pageti amandidziwa, anandilonjera, ine n'kungokweza dzanja. Anadabwa kuti ndadutsa osamufunsa za mkazi wake. Ofesi ya ahedi ili ndi benchi panja, pansi pa windo. Windo linali lotsegula. Ndinakhala pamenepo, mutu nditatsamira khoma.

Amalole anali atayamba kale. Munthu wodziwa kuyankhula, ndivomere. Mawu osalala, osapunthwa paliponse. Akuti mwana wawo sakudya, akuti sukulu si bwalo la nkhonya, akuti mtsikana wotere akamusiya mawa adzabaya mphunzitsi. Ndinali ndi yankho pa chilichonse. Mayankho onsewo anangounjikana pakhosi, pamodzi ndi mafinya.

Kenako ahedi, mayi wa mawu otsika, anamufunsa Chisamba chimene anamenyera mnzake. Zii. Anafunsanso. Zii. Wapampando anati ngati palibe chifukwa, ndiye kuti komiti ilibe pogwira, ingotsatira lamulo. Ndinaimirira, ndinakoka mpweya kuti ndikuwe. Kunatuluka kamluzu, ndipo ululu unandibaya mpaka m'khutu. Ndinakhalanso pansi. Apa ndinadziwa kuti mwana wanga wapita.

Mpando unakwekwereza. Ndinasuzumira. Abambo ake aimirira, manja onse awiri agwira chipewa.

"Mwa-mwa-mwana wanga wa-wa-wa-"

Milomo yanga inamaliza yokha pansi pa mpango: wachita bwino. Amalole nawo anafuna kuwathandiza, akuti wavutadi, tonse tikuona. Abambo ake anakweza dzanja, chikhatho kutsogolo.

"Di-dikirani, bambo. Ndi-ndimalize ndekha."

Sindinawamvepo akuuza munthu zimenezi. Anatsinzina, khosi litakungika, misempha yonse panja. Ndinkafuna kulowera pawindo. Kenako linatuluka: "Walakwa."

Walakwa? Ndikanakhala ndi mawu, msonkhano ukanathera pomwepo.

Anapitiriza. Anatenga nthawi, Mulungu wanga, anatenga nthawi. Liwu lililonse kulikoka ngati akuzula msomali wadzimbiri. Palibe anatsokomola. Anati munthu samenyedwa, ndipo mwana wawo apepese, alangidwe. Koma chifukwa chake akuchidziwa. Anati mwana wawo si wolimbirana buku, amabwereketsa mabuku ake mpaka kuiwala amene watenga. Tsiku lija akukonza makina anamuona mnyamatayo pagalasi la kabati, akuwayeseza kumbuyo kwawo. Anangopitiriza ntchito.

Ndiye kuti ankadziwa chiyambire Lachitatu. Ine ndi Chisamba kunong'onezana kukhitchini, iwo akungotiyang'ana.

Anatembenukira kwa mnyamata uja. Osakalipa. "Mwa-mwana wanga, ta-tandiyeseza. Ndili pano. A-akuluwa aone."

Mnyamatayo anayang'ana nsapato zake. Mapewa anayamba kugwedezeka. Amalole anamufunsa motsitsa ngati zili zoona, ndipo mawu osalala aja sanamvekenso.

Abambo ake anamaliza motere, ndikuikamo mawu anga koma mfundo ndi zawo. Iwo anthu akhala akuwayeseza chiyambire ali mwana, anazolowera, khungu linakhuthala. Mwana wawo sanazolowere, ndipo sakufuna kuti azolowere. Dzino la mnyamatayo akalionetsa okha kwa adokotala a mano. Koma ana onse awiri alembe mayeso, wawo ndi wa eni akeyo, poti onse ndi ana. Anathokoza, n'kukhala pansi. Kolala yonse ya shati itanyowa.

Wapampando anati komiti ikambirana payokha, yankho litipeza sabata isanathe.

Anandipeza pabenchi ndikunjenjemera. Ndinkadikira kukalipiridwa. Anavula jekete n'kundifunditsa. "Mwa-mwamva?" Ndinagwedeza mutu. Panjira yonse Chisamba anawagwira mkono ngati kamwana ka kusukulu ya mkaka, osasamala anzake amene ankayang'ana pamawindo.

Mwamuna wanga ameneyu. Ndinasankha ndine, anthu akundiseka kuti ndikakwatiwa ndi munthu woti kufunsira kokha kunamutengera nyengo yonse ya mvula. Abwere aone.

Lachinayi, 12 Juni

Kutentha kwatsika. Zoyera zija zikuchepa, kumanzere kwayera kale, ndikutanthauza kuti kwafiira bwino. Fungo latha. Ndadya nthochi ndi dzira lofewa. Mapilisi ndikumwabe, Chisamba amachita kuima pamutu panga mpaka ndimeze.

Mawu akadali manong'onong'o. Kusukulu zii. Foni ikangolira tonse kudumpha. Dzulo anali alamu, kufunsa ngati ndinachira ndi kupala kuja. Chisamba anawauza kuti supuni yawo ikadali m'ovolosi, abwere adzaitenge.

Mtsikanayu akuwerenga ngati palibe chachitika, koma ndamuona akutembenuza tsamba lomwelomwelo kupita ndi kubwerera. Usiku wathawu mbale yake inabwerera yodzadza.

Shopu atsegula okha. Ine pabedi, khutu kukhomo. Kunabwera mdala uja telala wa pafupi ndi sitolo ya mankhwala, kasitomala wathu wakalekale. Ndinamva abambo ake akumufotokozera, pang'onopang'ono, kuti makina alibe vuto, ulusi umene akugula ndiwo woipa. Ine ndikanati asiye makinawo tiwaone bwino. Mdalayo anadikira mpaka mapeto, kenako anacheza za mpira. Za mpira! Sindinkadziwa n'komwe kuti ali ndi timu. Potuluka ndinamumva akuti, "Amisiri, mawu anu ndi aakulu bwanji, ndimayesa ndi ang'ono."

Ndinanyadira. Ndinapsanso mtima pang'ono, sindikudziwa kuti ndi ndani. Mpando wanga m'shopu aikapo chitini cha oilo.

Lachisanu, 13 Juni

M'mawa ndikuchukucha kubafa ndinayesa kuitana mphaka. Mawu anatuluka. Okhakhala pang'ono, koma anga, athunthu. Mphaka anathawa. Sindinauze munthu, ndimati ndiwadzidzimutse pa chakudya chamasana.

Foni ya pashopu inalira ndikupukuta kauntala. Dzanja linapita lokha. Ahedi. Ndinapereka moni wanga wonse uja, Chisamba n'kutulukira kukhitchini maso ali tong'o. Ahedi anandifunsa za khosi, akuti mlonda anawauza. Kenako mwaulemu anati akufuna ayankhule ndi abambo ake a mtsikana, poti ndi amene anaonekera ku komiti.

Ndinayang'ana foni. Ndinayang'ana iwo. Anapukuta manja pa ovolosi, ndinawapatsa.

Anamvetsera nthawi yaitali. Nkhope osasintha, munthu ameneyu ungamuuze kuti nyumba ikupsa nkhope ili chomwecho. "E-eya." Chete. "E-eya. Zi-zikomo." Anaika foni pakauntala, bwinobwino, ngati ingasweke.

Chisamba wagwira chitseko. Ine ndagwira kansalu kopukutira.

"A-a-a-"

Chinawagwira kuposa masiku onse. Maso otsinzina, chibwano chikunjenjemera. Mawu ndinali nawo tsopano, pakamwa panatseguka kale. Koma ndimalize chiyani? Sindinkadziwa. Ankadziwa ndi iwo okha m'nyumba yonse. Ndinatseka pakamwa. Ndinadikira mpaka anatsegula maso n'kumuyang'ana mwana wawo.

"Alemba."

Chisamba anakhala pansi pomwepo, pasimenti, n'kulira kulira kumene wakhala akukusunga chiyambire tsiku lija. Zotsalazo zinabwera pang'onopang'ono ndipo tinazimva zonse: akapepese pamaso pa kalasi, mnyamatayo nayenso apepese, onse awiri akasese mabwalo sabata yamawa. Lolemba abwerere m'kalasi. Amalole akuti za dzino zisiyeni.

Mawa msewu wonse uimva nkhaniyi, kuyambira kwa mayi wa mayunifolomu mpaka kwa alamu, ndipo ndikaifotokoza mmene anaimira, mmene anakwezera dzanja. Lero ayi. Mapilisi atsala, ndimaliza.

Akundiitana kushopu. Ayamba kunena kanthu, ndipo sindikudziwa kuti akufuna kuti chiyani. Ndipite ndikamve.